Amene Anaimirira Akazi Amasiye a ku India

Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1800, pamene kampani ya Angerezi yotchedwa East India Company inali kulamulira dera la Bengal kuchokera mumzinda wa Calcutta, kunali mwambo wina wamaliro umene, ngakhale sunali kuchitika m'mudzi uliwonse kapena m'banja lililonse la Ahindu, unali kutha miyoyo ya amayi mazanamazana chaka ndi chaka. Mwamuna akatsikira kuli chete, abale ankanyamula mtembo wake kunka nawo m'mbali mwa mtsinje, naugoneka pamulu wa nkhuni monga mwa chikhalidwe chawo chotentha mitembo. Ndipo mkazi wake, atasamba, atavala nsalu yake yamtengo wapatali ndi kugawira anzake zibangili ndi mikanda, ankazungulira muluwo, kenaka n'kugona pambali pa malemuwo, moto n'kuyatsidwa. Kuti asadzuke ululu utamfika, amuna ankamupsinja ndi nsungwi zazitali, ndipo ng'oma ndi mfuu ya khamu zinkakwirira kulira kwake. Mwambowu unkatchedwa sati, ndipo m'mabuku a boma munalembedwa amayi oposa 8,000 amene anafa imfa yotere ku Bengal ndi madera oyandikana nawo pakati pa 1815 ndi 1828.

Ambiri posimba nkhaniyi amaifupikitsa, nati Azungu ndiwo anathetsa nkhanza zimenezi. Koma mlandu sagamula atamva mbali imodzi. Angerezi anankira malonda ndi msonkho ku India, ndipo poopa kuti kukhudza za chipembedzo kungautse chipolowe ngakhale pakati pa asilikali achimwenye amene ulamuliro wawo unatsamirapo, anangopenyerera kwa zaka zambiri. Lamulo lawo la 1813 linaloleza mwambowo kuti uzichitika pamaso pa wapolisi, malinga mkaziyo wavomera yekha, sali ndi pakati, ndiponso si mwana wamng'ono. Amishoni monga William Carey wa ku Serampore anadandaula kolimba, komabe chidzudzulo cha mlendo chimafika m'makutu mwa eni mudzi ngati chipongwe. Panafunika mwana wa m'nyumba momwemo, pakuti kudontha kwa denga amakudziwa ndi iye amene amagona pansi pake.

Mwanayo anali Ram Mohan Roy, amene anabadwa m'chaka cha 1772 m'banja la gulu la ansembe lotchedwa Brahmin, gulu lapamwamba koposa mwa magulu achibadwidwe amene Ahindu anagawikamo. Iye anaphunzira chinenero cha Sanskrit, m'mene munalembedwa malembo opatulika a makolo ake, pamodzi ndi Chiperezi, Chiarabu ndi Chingerezi, ndipo atakhazikika ku Calcutta anayamba kumasulira mabuku akale otchedwa Upanishad m'chinenero cha Bengali, kuti munthu wamba adziwerengere yekha m'malo mongomva za m'kamwa mwa ansembe. M'chaka cha 1818 anasindikiza kabuku kolembedwa monga mtsutso wa anthu awiri, wina woikira kumbuyo kutentha amasiye, wina wotsutsa, ndipo m'menemo anasonyeza kuti buku lakale la malamulo la Manu, limene Ahindu onse ankalilemekeza, limalangiza mkazi wamasiye kukhala ndi moyo wodziletsa, ndipo silimtuma kumoto. Anaonanso kuti kuseri kwa mapemphero kunabisala nkhani ya chuma, popeza mkazi wolandidwa cholowa cha mwamuna wake ankatsala kapolo m'nyumba ya alamu ake, kotero kuti kwa ena imfa inkaoneka yopepuka kuposa moyo. Roy ankakonda ziphunzitso za Yesu, mpaka anazisonkhanitsa m'buku m'chaka cha 1820, koma sanasiye chipembedzo cha kwawo. M'malo mwake anayambitsa mu 1828 bungwe limene linadziwika ndi dzina loti Brahmo Samaj, la anthu opembedza Mulungu mmodzi popanda mafano.

Pa 4 December 1829 Bwanamkubwa William Bentinck anakhazikitsa lamulo loletsa sati. Chodabwitsa n'chakuti Roy mwini anali atamulangiza kuti achite modekha, poopa kuti anthu angaone lamulolo monga chiyambi cha kuwakakamiza chipembedzo chachilendo. Koma litatuluka anaima nalo nji. Akuluakulu osunga mwambo, motsogozedwa ndi Radhakanta Deb, anapanga bungwe lawo la Dharma Sabha nakachita apilo ku bwalo la aphungu a mfumu ku London. Roy, amene anawoloka nyanja kunka ku England ngakhale anthu a gulu lake ankayesa ulendo wotere chodetsa, analipo pamene apiloyo inakanidwa mu 1832, ndipo chaka chotsatira anamwalira ku Bristol, kutali ndi kwawo.

Tsono kupulumuka kumoto sikunali kutha kwa masautso. Popeza atsikana ankakwatiwitsidwa akali ana, nthawi zina kwa nkhalamba ya mitala yambiri, kunali amasiye a zaka zisanu ndi zitatu kapena khumi amene sanakhalepo m'nyumba ya amuna awo ngakhale usiku umodzi. M'magulu apamwamba mwana wotere sankaloledwa kukwatiwanso moyo wake wonse: ankavala nsalu yoyera yopanda maluwa, ankadya kamodzi patsiku, kawiri pamwezi ankasala kudya, m'madera ena ankametedwa mpala, ndipo pa ukwati wa mng'ono wake ankakhala kuseri, chifukwa nkhope yake inkayesedwa ya tsoka.

Amene anamva chisoni ndi ana amenewa anali Ishwar Chandra Vidyasagar, mwana wa banja losauka wobadwa mu 1820, amene mwa khama lake anakwera kufikira anakhala mkulu wa Sanskrit College ku Calcutta. Monga anachitira Roy, iye anafufuza m'mabuku akale mpaka anapeza m'malamulo a Parashara ndime yolola mkazi wofedwa kukwatiwanso, naifalitsa mu 1855. Kalata yake yopempha boma inasainidwa ndi anthu osafika 1,000, pamene ya otsutsa inasainidwa ndi oposa 30,000, komabe lamulo lolola amasiye kukwatiwanso linakhazikitsidwa mu 1856, ndipo mu December chaka chomwecho ukwati woyamba wotere unachitika ku Calcutta, apolisi akulondera mseu. Vidyasagar analipira maukwati ambiri ndi ndalama za m'thumba mwake mpaka anamira m'ngongole, ndipo pamene mwana wake yemwe, Narayan, anakwatira mkazi wamasiye mu 1870, iye anakondwera kuti zimene ankalalikira kwa ena zachitika pakhomo pake. Koma amuna olimba mtima chotero anali owerengeka. Lamulolo linalinso ndi msampha, pakuti mkazi wokwatiwanso ankataya gawo lake pa chuma cha malemu mwamuna wake. Apa panaonekera choonadi chowawa, chakuti boma likhoza kulemba chilolezo papepala, koma silingalamule apongozi kulandira mtengwa amene mtima wawo wamukana.

Kumadzulo kwa dzikolo, mumzinda wa Pune, kunauka mawu ena ochokera pansi. Jyotirao Phule sanali wa gulu la ansembe. Makolo ake anali olima maluwa ndi ndiwo zamasamba. Iye anaona kuti unyolo womanga mkazi ndi unyolo womanga anthu a magulu onyozeka unasulidwa ndi mmisiri mmodzi, ndiye umbuli wochita kuwakakamiza, ndipo pokhulupirira kuti m'mera mpoyamba, anayamba ndi kuphunzitsa mkazi wake Savitribai kuwerenga. Mu 1848 awiriwa anatsegula sukulu ya atsikana, ndipo zimasimbidwa kuti popita kukaphunzitsa, mayiyu ankatenga nsalu yachiwiri yoti akasinthe, chifukwa anthu panjira ankamugenda ndi matope ndi ndowe. Anatsegulanso nyumba yolandira amasiye otenga pakati, amene manyazi akanawatuma kudzipha kapena kutaya khanda, ndipo mwana wa mmodzi wa iwo anamlera ngati wawo, pakuti mwana wa mnzako ngwako yemwe. Mu 1868 Phule analola anthu otchedwa osakhudzika kutunga madzi pachitsime cha pakhomo pake, ndipo mu 1873 anayambitsa bungwe la Satyashodhak Samaj. Savitribai anafa mu 1897 ndi mliri umene anautenga posamalira odwala. M'dera lomwelo Pandita Ramabai, mkazi wamasiye wodziwa Sanskrit kuposa amuna ambiri, amene anali atalowa kale Chikhristu, anatsegula mu 1889 sukulu yogonera konko ya amasiye.

Pamene mzimu wofuna ufulu wodzilamulira unali kukula, ntchitoyi inakumana ndi funso lolemera. Kamtsikana kotchedwa Phulmoni katafa ku Calcutta chifukwa chogonedwa ndi mwamuna wake wamkulu, boma linakweza mu 1891 msinkhu wololeza kugonana kuchoka pa zaka 10 kufika pa 12, ndipo mtsogoleri wotchuka Bal Gangadhar Tilak anatsutsa lamulolo, nati olamulira achilendo alibe gawo m'nyumba ya Mhindu. Mantha ake sanali opanda maziko, popeza atsamunda ankakonda kuloza zilonda za Amwenye monga umboni wakuti sangathe kudzilamulira. Koma mtengo wa kudikira ufulu ankaulipira ndi ana aakazi. Lamulo la 1929, limene analipereka ku nyumba ya malamulo anali Mmwenye, Har Bilas Sarda, linaika msinkhu wolowera m'banja pa zaka 14 kwa mtsikana ndi 18 kwa mnyamata, ndipo B. R. Ambedkar, wobadwa m'gulu la osakhudzika, amene mu 1927 anatsogolera khamu kukamwa madzi a padziwe loletsedwa ku Mahad, ndiye anatsogolera kulemba malamulo aakulu a dziko a 1950, amene anathetsa kusakhudzika pamaso pa lamulo.

Anthuwa sanali a maganizo amodzi. Roy ndi Vidyasagar anafuna mankhwala m'malembo a makolo awo, pamene Phule ndi Ambedkar anaona kuti ena mwa malembowo ndiwo gwero la nthenda. Ndipo kufikira lero maukwati a ana ndi tsankho la magulu sizinatheretu ku India. Komabe onsewo anagwirizana pa chinthu chimodzi, chakuti ukale wa mwambo suuyeretsa ngati ukukhetsa misozi ya ofooka. Anatchedwa ogulitsa mtundu, anasalidwa ndi abale, ena anasauka, koma akale anati wakutsina khutu ndi mnansi. Ndipo mtundu umene uli ndi ana olimba mtima kuudzudzula, nasenza okha mtengo wa chidzudzulocho, umenewo ndiwo uli ndi chiyembekezo cha kuchira.