Kanema Amayamba ndi Cholembera

Anthu akamaonera kanema amatama ochita sewero, naiwala munthu amene anakhala pansi ndi kulemba mawu onse amene akumvawo. Popanda mlembi ameneyu, wojambula alibe chojambula.

M'dziko muno ntchitoyi inachedwa kuphuka, pakuti wailesi yathu ya kanema inayamba m'chaka cha 1999. Komabe a Shemu Joyah, katswiri woyeza malo, anadzilembera ndi kutsogolera okha kanema wa The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017. Anaonetsa kuti nkhani za Amalawi nzokwanira kudzaza kanema.

Ife tikuti boma la Dedza lisatsalire, pakuti nkhani zotere lili nazo. Ku Chongoni kuli malo 127 a zithunzi zimene makolo anajambula pamiyala, ndipo UNESCO inawazindikira mu 2006. Ku Mua kukusungidwa mbiri ya Achewa, Angoni ndi Ayao. Tikapanda kudzilembera, alendo adzatilembera monga akutionera iwowo.

Choncho tikupempha aphunzitsi kuti azolowetse ana kulemba masewero m'Chichewa, ndipo akuluakulu oona za maphunziro awathandize. M'mera mpoyamba.