Akhalakale a zisudzo ku China

Aliyense wokonda mafilimu ku China amawazindikira a Li Xuejian akangomva mawu awo osasa. Mawuwo sanabadwe nawo. Khansa ya kuseri kwa mphuno idawagwira kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, ndipo chithandizo chake chidawasiyira vuto pakhosi ndi m'makutu. Komabe mu 2023, akuyandikira zaka 70, adasewera m'mafilimu awiri akuluakulu, The Wandering Earth II ndi Creation of the Gods I, ndipo mawu omwewo ndiwo adagwira anthu mtima.

Bambowa adabadwa mu 1954 m'chigawo cha Shandong. Luso adaliphunzira akugwira ntchito m'fakitale komanso ali msilikali, kenako adalowa gulu la zisudzo la asilikali a m'ndege. Dzina lawo lidamveka dziko lonse mu 1990, pomwe adasewera ngati Song Dacheng, munthu wofatsa wa m'sewero la pa wailesi yakanema lotchedwa Kewang. Chaka chomwecho adaseweranso m'filimu ngati Jiao Yulu, mkulu wa chipani amene adalimbana ndi mchenga ndi umphawi m'boma la Lankao mpaka kumwalira mu 1964. Filimuyi idawapezetsa mphoto za Golden Rooster ndi Hundred Flowers.

Anthu a m'badwo wawo adakulira m'magulu a zisudzo a boma. Ankalandira malipiro pamwezi monga mphunzitsi kapena kalaliki, ndipo gawo lililonse limene apatsidwa ankalisewera. Kutchuka kunkabwera mochedwa, kwa ena osabwera n'komwe. A You Benchang, obadwa mu 1933, adatha zaka zambirimbiri akusewera timagawo ting'onoting'ono, mpaka mu 1985 pomwe adakhala Ji Gong, m'monke wovala sanza, ali ndi zaka zoposa 50. Ali ndi zaka 90 adawonekanso mu Blossoms Shanghai ya Wong Kar-wai. Nalo sewero lotchuka la Journey to the West lidajambulidwa ndi kamera imodzi yokha, ndipo zigawo zake 25 zidatenga zaka pafupifupi 6. Kuleza mtima kotereku kumaoneka m'kaseweredwe kawo: sathamangira kulira kapena kukuwa, nkhope yokha imanena zambiri.

Lero zinthu zidasintha. Achinyamata amalimbirana malo ku Beijing Film Academy ndi ku Central Academy of Drama, ndipo ena amapatsidwa gawo lalikulu chifukwa chongokhala ndi owatsatira ambiri pa intaneti. Malipiro a otchuka adakwera mosaneneka, moti mu 2018, nkhani ya wosewera wotchuka Fan Bingbing yozemba msonkho itaphulika, boma lidalamula kuti osewera onse pamodzi asamadye ndalama zopitirira 40 peresenti ya ndalama zopangira filimu.

Pansi penipeni pa ntchitoyi pali khwimbi la anthu a ku Hengdian, m'chigawo cha Zhejiang, komwe adamangako nyumba zachifumu zojambuliramo mafilimu. Iwowa amalawirira m'mamawa, kuvala zovala zankhondo zolemera ngakhale dzuwa likuswa mtengo, n'kugona pansi ngati mitembo ya kunkhondo. Amalipidwa patsiku, ndipo mayina awo salembedwa kumapeto kwa filimu. Ambiri tsopano akupeza maganyu m'timasewero tifupitifupi towonera pafoni, tomwe timajambulidwa m'masiku owerengeka chabe.