MLANDU UMODZI, BWALO LIMODZI

Kaŵirikaŵiri munthu akasumira mnzake kubwalo lamilandu amadzazindikira pambuyo pake kuti m'chikalata cha dandaulo lake anasiyamo mfundo yofunika. Zikatero ena amathamangira kukatsegula mlandu wachiŵiri pankhani yomweyo, mwinanso kubwalo lina, poganiza kuti zikakanika uku zitheka uko. Aphunzitsi ndi ogwira ntchito m'maofesi, amene anthu amaŵadalira pofuna uphungu, ayenera kudziŵa kuti njira imeneyi mabwalo anaitseka kalekale, pakuti mapanga aŵiri avumbwitsa.

Chiyambi chake ndi mlandu wa banja la Henderson, umene unaweruzidwa ku England m'chaka cha 1843. Abale aŵiri, Bethel ndi Jordan, ankachita malonda pamodzi ku Bristol ndi ku Newfoundland. Jordan atamwalira mu 1830, mkazi wake anasumira mlamu wakeyo kubwalo la ku Newfoundland kuti alongosole za chuma cha malemu. Itakwana nthaŵi yoŵerengera chumacho Bethel sanaperekepo mbali yake, ndipo bwalo linamlamula kulipira. Pamene mayi wamasiyeyo anamtsatira ku England kukafuna ndalamazo, Bethel anatsegula mlandu wake, nanena kuti malemuyo ndiye anali naye ngongole. Woweruza, Sir James Wigram, anakana kumumvera. Anagamula kuti munthu ayenera kubweretsa nkhani yake yonse nthaŵi imodzi, ndipo mfundo imene akanatha kuitchula pamlandu woyamba sangaisungire mlandu wina, ngakhale kuti anaisiya chifukwa cha kusasamala kapena mwangozi.

Nkhaniyi imatikhudza chifukwa lamulo la mu 1902, limene linakhazikitsa Bwalo Lalikulu m'dziko muno, linatengera kuno malamulo a ku England a nthaŵiyo. Tsono milandu iŵiri ikapezeka ikuyenda limodzi pankhani imodzi pakati pa anthu omwewo, woweruza ali ndi mphamvu yoimitsa kapena kuchotsa wachiŵiriwo, ndipo ndalama zoonongedwa zimagwera amene anautsegula. Zifukwa zake n'zoonekeratu. Wosumiridwa asazunzike kaŵiri, mboni zisayende maulendo aŵiri, ndipo oweruza aŵiri asatulutse zigamulo zotsutsana, zimene palibe angadziŵe chotsata.

Komabe lamuloli si nkhwangwa yodula mtengo uliwonse. Mu 2000, pamlandu wa Johnson ndi maloya a Gore Wood, bwalo la House of Lords linalola munthu kusuma m'dzina lake ngakhale kampani yake inali itasuma kale pankhani yofanana. Linati woweruza ayambe wapenda bwino ngati mlandu wachiŵiriwo ukuzunzadi wina.

Nanga woiŵalayo atani? Apemphe bwalo lomwelo kuti limlole kukonza chikalata chake. Apa oweruza amakhala ofeŵa mtima koposa mmene ambiri amaganizira. Mu 1884, pamlandu wa Cropper ndi Smith, woweruza Bowen ananena kuti ntchito ya bwalo ndi kupeza amene ali wolungama pamkangano, osati kulanga anthu chifukwa cholakwitsa polemba. Chodabwitsa n'chakuti tsikulo oweruza anzake sanagwirizane naye, koma lero maganizo ake ndiwo amakumbukidwa. Wopempha amalipira ndalama zimene mnzake wataya chifukwa cha kusinthako, ndipo mnzakeyo amapatsidwa mpata wokonzanso yankho lake. Ife tikuona kuti mtengo umenewu ndi wochepa poyerekeza ndi wa mlandu watsopano. Kuchokera mu 2017 Bwalo Lalikulu la Malaŵi lili ndi malamulo akeake oyendetsera milandu yotere, m'malo mwa a ku England aja, ndipo malamulowo amalimbikitsa kuti milandu izitha msanga, choncho wopempha mlandu utatsala pang'ono kumvedwa asayembekeze chifundo chofanana ndi cha wopempha koyambirira.

Pali malire ena amene wochedwa amakumana nawo. Timakonda kunena kuti mlandu suwola, koma kubwalo la boma umawola ndithu, chifukwa malamulo amaika zaka zimene munthu ayenera kusumira. Mayi Georgina Weldon wa ku London anasumira munthu wina chifukwa chomuipitsira mbiri, kenaka anafuna kuwonjezera madandaulo ena monga kumenyedwa ndi kutsekeredwa popanda chifukwa. Mu 1887 bwalo la apilo linakana, poti nthaŵi yosumira zinthu zimenezo inali itatha kale, ndipo kulola kusinthako kukanalanda wosumiridwayo chitetezo chimene malamulo anali atampatsa.