Duwa la ku Texas limadana ndi chinyezi

Amayi ambiri ku Furancungo ndi ku Tsangano amabzala maluwa m'zitini, koma dzinja likafika mizu imaola, maluwa n'kufa. Vutoli limakula kwambiri pa duwa lotchedwa bluebonnet, lomwe boma la Texas ku America linalisankha mu 1901 kuti likhale chizindikiro chake.

Duwali ndi la banja la nyemba ndipo maluwa ake ndi abuluu. Kwawoko limamera nyengo yozizira, padzuwa, m'dothi losasunga madzi. Likaikidwa m'nyumba mwachinyezi limanyozoloka, masamba n'kuchita chuku.

Wofuna kuliyesa adikire mvula ithe, cha mu Epulo kapena Meyi. Njere zake n'zolimba khungu, choncho azikhuleko pang'ono pamwala asanabzale. Aboole chitini kunsi, asakanize dothi ndi mchenga, ndipo achiike pakhonde pomwe dzuwa limafika tsiku lonse. Asathirire mpaka dothi litauma. Alimi a fodya a ku Macanga akudziwa kale kuti madzi akachuluka pa nazale mbande zimaola.

Makolo asamale: njere za duwali zili ndi poizoni. Zisasiyidwe pomwe ana, mbuzi kapena nkhosa zingafike.