Ibn Khaldun, mkulu yemwe adafufuza chogwetsa maufumu

M'chaka cha 1401, asilikali a mfumu yoopsa Timur atazinga mzinda wa Damascus ku Syria, anthu adatsitsa gogo wina ndi zingwe kuchokera pamwamba pa linga kuti akakumane ndi mdaniyo.

Gogoyu adali Ibn Khaldun, katswiri wa malamulo a Chisilamu ndi mbiri yakale. Adatha masabata angapo akucheza ndi Timur, mpaka kumulembera za maiko a kumpoto kwa Africa. Mzindawo udasakazidwa, koma iye adabwerera ku Cairo wamoyo.

Mkuluyu adabadwira ku Tunis mu 1332. Asanakwanitse zaka 18, mliri wa Black Death udapha makolo ake onse awiri pamodzi ndi aphunzitsi ake ambiri.

Atakula adalowa ndale, n'kutumikira mafumu ku Fez, Granada ndi Bejaia. Ku Fez adakhala m'ndende pafupifupi zaka ziwiri pomuganizira kuti akukonza chiwembu. Kunena zoona, naye sadali mwanawankhosa, pakuti ankasintha mabwana akaona kuti zinthu zatembenuka.

Atatopa nazo, mu 1375 adakabindikira ku Qalat Ibn Salama, m'dziko lomwe lero ndi Algeria. Kumeneko mu 1377 adalemba buku la Muqaddimah m'miyezi isanu yokha. Lidali mawu oyamba chabe a mbiri yake yaikulu ya Kitab al-Ibar, koma ndilo lidamutchukitsa.

Iye ankadandaula kuti olemba mbiri amangomeza nkhani iliyonse osatafuna. Adati nkhani iyenera kuyesedwa kaye. Ngati buku likuti mfumu idali ndi asilikali ankhaninkhani, kodi dziko lake likadatha kuwadyetsa ndi kuwalipira?

Funso lomwe lidamusowetsa tulo nlakuti, n'chifukwa chiyani maufumu amagwa? Yankho lake lagona pa mawu a Chiarabu akuti asabiyya, kutanthauza umodzi wa anthu okonzeka kuferana. Anthu a kuchipululu, ozolowera mavuto, amalanda mzinda chifukwa cha umodziwo. Ana awo amazolowera zonona. Zidzukulu zimaiwaliratu kumene zidachokera, n'kumalemba ganyu alendo kuti azizitchinjiriza. Adawerengera kuti banja lachifumu limatha mphamvu pa mibadwo itatu, zaka pafupifupi 120.

Ochita malonda angamumvetse bwino pa nkhani ya msonkho. Malinga ndi iye, ufumu ukamayamba msonkho umakhala wochepa, anthu amalima ndi kugulitsa mwakhama, ndipo ndalama zimalowa zambiri. Mafumu akayamba kusakaza chuma amakweza msonkho, n'kuyambitsa wina m'misika. Mlimi ndi wamalonda amagwa mphwayi poona kuti phindu silikuoneka, ndipo thumba la boma limayamba kuphwa. Adadzudzulanso mfumu yochita malonda, ponena kuti imapha amalonda ang'onoang'ono.

Mu 1382 adasamukira ku Egypt komwe adaphunzitsa pa mzikiti wa Al-Azhar. Patadutsa zaka ziwiri, sitima yomwe idanyamula banja lake kuchokera ku Tunis idamira pafupi ndi Alexandria, ndipo mkazi wake ndi ana ake aakazi adathera m'madzi.

Ku Cairo adamuika kukhala woweruza wamkulu wa chiphunzitso cha Maliki maulendo 6, akumuchotsa ndi kumubwezeretsa. Adamwalira mu March 1406, atangopatsidwanso mpandowo.