Siteshoni ya Wooddale Avenue

Wooddale Avenue ndi siteshoni ya sitima zamagetsi zoyenda m'tauni yomwe ikukonzedwa mumzinda wa St. Louis Park, m'chigawo cha Minnesota ku United States. Ndi imodzi mwa masiteshoni 16 a njanji yatsopano yotchedwa Green Line Extension, yomwe ndi yotalika pafupifupi makilomita 23 ndipo ikuchokera pakati pa mzinda wa Minneapolis kukafika ku Eden Prairie, kudzera ku St. Louis Park, Hopkins ndi Minnetonka. Ntchito yomanga ikuyang'aniridwa ndi bungwe la Metropolitan Council, ndipo sitimazo zidzayendetsedwa ndi Metro Transit. Akuyembekezera kutsegula njanjiyi mu 2027.

Malo

Mu St. Louis Park mudzakhala masiteshoni atatu: Beltline Boulevard kum'mawa, Louisiana Avenue kumadzulo, ndi Wooddale Avenue pakati pawo. Siteshoniyi ili chakumwera kwa msewu waukulu wa Highway 7, pamene msewu wa Wooddale umadutsana ndi njanji. Pamalopa pali njira zitatu zoyandikana: njanji ya sitima zamagetsi, njanji ya sitima zonyamula katundu, ndi kanjira ka anthu apanjinga ndi oyenda pansi kotchedwa Cedar Lake Trail.

Siteshoni yakale

Kamtunda pang'ono kuchoka apa, m'paki ya Jorvig, muli kanyumba kamatabwa komwe kanali siteshoni ya kampani ya njanji ya Chicago, Milwaukee and St. Paul, yodziwika kwambiri ndi dzina loti Milwaukee Road. Kanamangidwa mu 1887, patangopita chaka chimodzi St. Louis Park atakhazikitsidwa ngati mudzi wodzilamulira. Masiku amenewo sitima ndiyo inali njira yodalirika yopitira ku Minneapolis, ndipo mafakitale, masitolo ndi nyumba zoyambirira zinamangidwa mozungulira njanji.

Magalimoto atachuluka, apaulendo anayamba kuchepa. Sitima zonyamula anthu zinasiya kuima pano m'zaka za m'ma 1950, ndipo kampaniyo inatseka siteshoniyi mu 1968. Anthu a m'deralo sanafune kuti kanyumbako kagwetsedwe. Mu 1969 kanalembedwa m'kaundula wa boma wa malo a mbiri, National Register of Historic Places, kenako mu 1970 anakanyamula kukachotsa m'mbali mwa njanji n'kukakaika m'pakimo. Choncho pamene kali lero si pomwe kanamangidwa. Bungwe losunga mbiri ya mzindawu, St. Louis Park Historical Society, limasungiramo zinthu zakale zokhudza njanji. Sitima zatsopano sizidzaima pa kanyumbaka, koma zidzabweretsanso apaulendo m'dera lomwelo patatha zaka pafupifupi 70.

Kuchedwa kwa ntchito

Ntchito yomanga njanji inayamba kumapeto kwa 2018. Panthawiyo ankati idzadya ndalama zokwana madola pafupifupi 2 biliyoni ndipo sitima zidzayamba kuyenda mu 2023. Mtengowo wakwera kufika pafupifupi madola 2.86 biliyoni, ndipo iyi ndi ntchito yachitukuko yodula kuposa zonse zimene boma lagwirapo ku Minnesota.

Vuto lalikulu silinali pa Wooddale penipeni, ngakhale kuti St. Louis Park ikukhudzidwa ndi chiyambi chake. Poyamba panali maganizo oti sitima zakatundu za kampani ya Twin Cities and Western zichotsedwe m'kampata ka Kenilworth ku Minneapolis, zizidzera njanji ina yodutsa pakati pa nyumba za anthu ku St. Louis Park, pafupi kwambiri ndi sukulu ya sekondale. Anthu akumeneko anakana kwamtuwagalu poopa ngozi, ndipo nayonso kampani ya sitimayo sinagwirizane ndi njirayo. Mu 2014 anagamula zoti sitima zakatundu zikhalebe ku Kenilworth. Popeza kampatako n'kopanikiza, njanji yatsopano anaidutsitsa pansi pa nthaka kwa mtunda wochepera kilomita imodzi.

Kachigawo kakafupi kameneka ndi komwe kanavuta koposa. Nthaka yake ndi yamadzi, ndipo okumba ankagwira ntchito moyandikana kwambiri ndi nyumba yosanja yokhalamo anthu, yomwe kale inali nkhokwe za tirigu. Panafunikanso kumanga khoma lolimba lolekanitsa sitima zamagetsi ndi njanji ya kampani ya BNSF chakufupi ndi pakati pa Minneapolis. Mu 2022 nyumba ya malamulo ya Minnesota inalamula ofesi yake yofufuza za kayendetsedwe ka chuma kuti iunike chifukwa chake ntchitoyi inachedwa komanso kukwera mtengo chonchi.