Zala Ziwiri Kapena Zitatu: Mlandu Umene Unagawa Mtundu wa Russia

M'chaka cha 1653, nyengo ya Lenti itayandikira, mkulu wa mabishopu onse a ku Russia, Patriarch Nikon, anatumiza lamulo m'matchalitchi a mu Moscow lakuti kuyambira pamenepo Mkhristu azichita chizindikiro cha mtanda ndi zala zitatu, osati ziwiri monga anachitira makolo. Pambuyo pake panadza malamulo ena: Aleluya aziyimbidwa katatu m'malo mwa kawiri, dzina la Yesu liwonjezedwe chilembo chimodzi, ndipo pozungulira tchalitchi anthu asamatsatenso njira ya dzuwa. Mlendo akhoza kuyesa kuti zimenezi nzachibwana. Komatu anthu zikwizikwi anafera zomwezi, ndipo wofuna kumvetsa mtima wa dziko lalikululi ayenera kufunsa chimene chinalemeretsa chala chimodzi chotero.

Yankho lili m'mbiri yakale. Chikhristu chinakhazikika m'dera limenelo m'chaka cha 988, pamene Vladimir, mfumu ya ku Kyiv, anabatizidwa nalandira chipembedzo cha Agiriki a ku Constantinople, mzinda umene unkatchedwa Roma wachiwiri. Kwa zaka mazana angapo Agiriki ndiwo anali aphunzitsi. Koma m'chaka cha 1439, atapanikizidwa ndi nkhondo ya ufumu wa Ottoman, atsogoleri awo anavomera ku Florence kugonjera Papa poyembekeza chithandizo. A ku Moscow anakana panganolo, ndipo mu 1448 anadzisankhira okha mkulu wa mpingo wawo. Constantinople atagwa mu 1453, iwo anati chimenecho nchilango cha Mulungu pa anthu ogulitsa chikhulupiriro. Tsono mmonke wina wa ku Pskov, dzina lake Filofei, analemba m'zaka za m'ma 1520 kuti Roma woyamba ndi wachiwiri anagwa, Moscow ndiye wachitatu, ndipo pambuyo pake sipadzakhalanso wina. Mawu amenewa ambiri amawamva ngati kudzitama, chikhalirecho analinso chenjezo loopsa: Moscow akapatuka, choonadi chilibenso pogona, ndipo dziko lapansi latha.

Motero kukhala munthu wa ku Russia ndi kusunga mwambo wa mapemphero zinasanduka chinthu chimodzi. Msonkhano wa mpingo wa mu 1551, m'masiku a Ivan IV amene anali atavekedwa ufumu ndi dzina lakuti Tsar, unatsimikiza kuti zala ziwiri ndiwo mwambo woona. Nanga Nikon akanawauza bwanji anthu kuti makolo awo ndi oyera mtima awo onse ankalakwa, ndi kuti olondola ndi Agiriki omwe aja Mulungu anawalanga?

Nikon ndi Tsar Alexei anali ndi chifukwa chawo, ndipo chinali cha ufumu. Maso awo anali pa Akhristu a Orthodox a m'maiko ena, makamaka a ku Ukraine, kumene atsogoleri a Cossack analumbira kukhala pansi pa Tsar mu 1654, ndiponso pa amene ankalamulidwa ndi ufumu wa Ottoman. Onsewa ankatsata mwambo wa Agiriki wa masiku amenewo. Wofuna kukhala mutu wa onse sakanapemphera mosiyana ndi onse. Apa ndiye pali gwero la mkangano: mbali zonse ziwiri zinkakhulupirira ukulu wa Moscow, koma ena ankati ukuluwo ndiwo kusunga, anzawo ankati ndiwo kufutukuka. Chomvetsa chisoni nchakuti patapita zaka zoposa 200, katswiri wa mbiri ya mpingo Nikolai Kapterev anasonyeza kuti zala ziwiri zinali mwambo wakale wa Agiriki omwewo, umene iwo anausiya pambuyo pake. Anthu amene ankanyozedwa kuti ndi mbuli ndiwo anasunga chakale.

Msonkhano waukulu wa mu 1666 ndi 1667 unachita zinthu ziwiri. Unatsitsa Nikon pa mpando, pakuti anali atayambana ndi Tsar poyesa kukweza mphamvu ya mpingo pamwamba pa ya mfumu. Koma unasunga malamulo ake, nutemberera onse otsata mwambo wakale, nuwapereka m'manja mwa boma. Owerenga buku la Chivumbulutso sanalephere kuona nambala imene inali m'chaka cha 1666. Amonke a ku Solovetsky, pa chilumba cha m'nyanja yozizira ya kumpoto, anatseka zipata zawo nalimbana ndi asilikali kuyambira 1668 mpaka 1676, pamene mmodzi wa iwo anaulula khomo lobisika. Feodosia Morozova, mayi wa banja lolemera ndi lodziwika kunyumba ya mfumu, anafa ndi njala m'dzenje ku Borovsk mu 1675. Wansembe Avvakum, amene analemba mbiri ya moyo wake m'chinenero cha anthu wamba ali m'ndende yokumba pansi ku Pustozersk, anatenthedwa mu 1682. M'nkhalango za kumpoto magulu athunthu ankadzitsekera m'nyumba za mitengo nadziyatsa moto akamva kuti asilikali ayandikira.

Mpingo unapambana ndi lupanga lobwereka, ndipo mwini lupanga sanachedwe kudzalonjerera ngongole. Patriarch Adrian atamwalira mu 1700, Peter I sanalole kuti pasankhidwe wina. Mu 1721, chaka chomwe anadzitcha Emperor, anaika mpingo pansi pa bungwe la Holy Synod, ndipo chaka chotsatira analipatsa woyang'anira amene sanali wansembe koma wantchito wa boma. Ansembe analamulidwa kuulula kwa akuluakulu a boma chiwembu chilichonse chimene angamve pa kulapa. Otsata mwambo wakale analoledwa kukhala ndi moyo pokhoma msonkho wowirikiza kawiri. Mpando wa Patriarch unakhala wopanda munthu mpaka 1917.

Anthu oganiza mozama a dzikolo akhala akubwerera pa bala limeneli. Aleksei Khomyakov anaphunzitsa kuti choonadi chimasungidwa ndi mpingo wonse wogwirizana m'chikondi ndi mwaufulu, osati ndi wolamula. Komabe mabuku ake a zachipembedzo anayamba kusindikizidwa kunja, pakuti kwawo sanaloledwe. Nikolai Berdyaev, amene boma la chikomyunizimu linam'thamangitsa mu 1922, anaona m'kugawikana kuja chiyambi cha chizolowezi cha anthu kukayikira ufumu umene ulipo ndi kufunafuna wina woona. Iye anati ngakhale achikomyunizimu, okana Mulungu, anatengera maloto akale aja akuti Moscow ali ndi uthenga wopulumutsa dziko lonse. Mwina anapitirira pang'ono, pakuti mafumu sanagwiritse ntchito mawu a Filofei kawirikawiri monga ena amaganizira. Amene anawasunga ndi mtima wonse anali ozunzidwa aja.

Ufulu wa kupembedza anaupeza mu 1905 mwa lamulo la Nicholas II, pamene ena mwa iwo, monga banja la Ryabushinsky, anali atasanduka eni mafakitale a nsalu ndi mabanki. Temberero lija mpingo unalichotsa mu 1971, patapita zaka 304, ponena kuti miyambo yonse iwiri njopulumutsa. Zidzukulu za othawa zija zikupezekabe ku Siberia, kumathiriro a mtsinje wa Danube m'dziko la Romania, ndi m'mudzi wa Nikolaevsk ku Alaska, ndipo zimapempherabe ndi zala ziwiri.